Wofooka Mmodzi Atsale

Mayi wina wamasiye ankapukuta fumbi patebulo la malemu mwamuna wake pamene kompyuta inalira kuti tii, n'kulemba mawu pagalasi: "Ana atsopano abadwa. Makolo achotsedwa."

Anakhala pampando kansalu kali m'manja. Munthu amuika m'manda kumene, ndiye anawa akubadwira kuti? Malemu anali munthu wa kuntchito ndi kunyumba basi, wofatsa moti ngakhale mphaka ankamupondereza. Komabe mtima unamuwawa mayiyo, mutu n'kuima.

Pakhomo panali chikwama cha mlamu wake, mng'ono wa malemu, amene aliyense ankamutcha Mawa chifukwa ntchito iliyonse ankaiyankha ndi liwu limenelo. Mayiyo anali atamuuza kuti aziona msewu. Womusunga wapita, ndipo iye analibe mphamvu zolera munthu wandevu zake.

"Alamu, tabwerani," anaitana. "Akulu anu anali ndi ana kunjaku?"

Mawa anawerenga mawuwo n'kukanda mutu. "Za ana sindikudziwa, alamu. Koma makolo achotsedwawo si ine?"

"Inu munabereka ndani?"

Atasowa pogwira, mayiyo anaimbira foni mtsikana wamagalasi amene ankagwira ntchito ndi malemu. Mtsikanayo atafika n'kuona galasilo anayamba kuseka, kenako anakumbukira kuti ali pasiwa, natseka pakamwa.

"Pepani mayi, anawa si anthu. Tikufunafuna njira zachidule zoti magalimoto azigawira mankhwala m'zipatala. Kompyutayi imayamba ndi njira zambirimbiri zongolota. Zabwinoko imazikwatitsa: theka la iyi, theka la iyo, n'kutuluka yatsopano. Mwana ndi ameneyo. Nthawi zina imasinthako kanthu mwadala kuti mwana asangotengera makolo."

"Kukwatitsa misewu," anatero mayiyo pang'onopang'ono. "Tiyi ankazizirira zimenezi?"

"Zimenezi, mayi."

"Nanga zosathandizazo?"

"Zimafufutidwa, m'badwo wina n'kuyamba."

Mayiyo sanamvetse bwinobwino. Mkwiyo anali ataukonza kale, ndipo tsopano unasowa mwini wake. Zimenezo zinamupweteka kuposa ana akunja aja.

Kompyuta inaliranso: "Wofooka mmodzi watsala."

"Apa ndiye yalakwitsa," anatero mayiyo.

"Ayi, lamulo limenelo analemba ndi amuna anu," anayankha mtsikanayo. "Tinkakangana nawo chifukwa limachedwetsa ntchito. Iwo ankati m'badwo uliwonse wofooka mmodzi atsale, poti sitidziwa chimene wanyamula. Mwina mdzukulu wake ndi amene adzapeze njira."

"Ndiye amapezadi?"

"Apo ndi apo. Nthawi zambiri amangodya malo."

Mawa anatsokomola ngakhale analibe chifuwa. Anatuluka mwakachetechete, ndipo mayiyo anamumva akulimbana ndi zipi ya chikwama.

Mayiyo anayang'ana mawu aja nthawi yaitali. Za misewu yobereka sanazimvetsebe, koma m'lamulo lija anamuzindikira mwamuna wake. Kangati anamuuza kuti mng'ono wakeyo ndi katundu, iye n'kungomwetulira, n'kuika kapu yachitatu patebulo?

Anadzuka, nakamupeza Mawa pakhomo. Anamulanda chikwama chija n'kuchiponya pabedi la m'chipinda cha Mawayo.

"Mukolope pabalaza, alamu."

"Mawa?"

"Lero."

Anabwerera patebulo paja n'kutola kansalu kake. Anapukuta mozungulira kompyuta mosamala, kuti chala chisakhudze batani lililonse.