Dzina la Fackson Chulu pa Msika

Levy anagulitsa dzina la malemu malume ake banja lisanakhale pansi kupereka dzinalo kwa wolilowa.

Malemu Fackson Chulu anali wogulitsa nsomba wodziwika mu Kafue. Ankagula nsomba kwa asodzi a ku Chanyanya, kuzisunga m'mafiriji kuseri kwa nyumba yake ku Estates, n'kumazitumiza ku mahotela a ku Lusaka. Levy, mwana wa mlongo wake, ndiye anamutsegulira tsamba pa intaneti. Adiresi ya tsambalo inali dzina la mkuluyo lomwe, facksonchulu, kenaka dontho ndi zilembo zitatu. Inalembedwa m'mbali mwa lole yake yonyamulira nsomba, ndipo mahotela ankaitanitsa nsomba kudzera pamenepo. Koma Levy anailembetsa ngati yake, pakuti ntchito yake inali yomweyo: kugula maadiresi otere, amene iye ankawatcha madomeni, ndi kuwagulitsanso monga ena achitira ndi mabelo a salaula, zovala zovalidwapo kale.

M'banja limenelo dzina la womwalira limagona. Palibe amene amaligwiritsa ntchito kufikira tsiku loika mwala pa manda, pamene akulu amalipereka kwa mmodzi wa ana a mlongo wa malemuyo, pamodzi ndi jekete lake ndi malo ake pa milandu ya banja. Akulu anali atagwirizana kale kuti wolowa dzina adzakhala Levy, ndipo iye ankadziwa zimenezi.

Mayi Elina, mkazi wamasiye wa malemuyo, anayamba kudabwa kuti mahotela angoti zii. Kenaka woyang'anira khitchini pa hotela ina anawaimbira foni kufunsa ngati banjalo lasiya nsomba n'kuyamba njuga. Mwana wawo Towela atatsegula tsambalo, anapeza dzina la bambo ake lili pamwamba, ndipo m'munsi mwake muli zokopa anthu kubetcha pa mpira, ndi mtsikana wosavala mokwanira atanyamula chikho.

A Lighton Chulu, mkulu wake wa malemuyo, amene anapuma ntchito ku njanji, anaitanitsa banja Loweruka masana. Levy anafika mochedwa, chipewa chili kumutu, kachingwe ka foni kali m'khutu, n'kukhala pa mpando asanapereke moni.

"Ba Malume, vuto ni yakuti simumvetsa," anayamba motero. "Domeni si dzina. Ni adiresi chabe, timachita lendi chaka na chaka."

"Vula chipewa, ndipo undiphunzitse," anatero a Lighton.

Levy anavula.

"Wagula ndani?"

"Kampani ina ya kunja. Pa msika wa madomeni sitionana nkhope."

"Ndiye kuti dzina la mng'ono wanga wapatsa munthu amene sunamupatsepo ngakhale moni."

"Ninaona kuti ba Fackson anapita, manje tsamba ya chani? Komanso ma Fackson Chulu ni ambiri pa dziko."

"Amene anakulera ndi mmodzi."

Levy anatembenukira kwa mkazi wamasiyeyo, kufuna womuthandiza. Mayi Elina anali atakhala pa mphasa, maso ali pansi.

"Mukanandifunsa chabe, Levy," anatero. "Mwamuna wanga anapita, inde, koma nsomba zikadali m'firiji."

"Osadandaula, ba Anti. Nizagula ina lelo lomwe. Tiike chabe nambala kumapeto, facksonchulu2."

"Wachiwiriyo anabadwa liti?" anafunsa a Lighton. "Ine ndinali pomwepo, sindinamuone."

Nelson, mng'ono wake wa Levy, anaseka, koma a Lighton atamuyang'ana anasandutsa kusekako chifuwa.

A Lighton analamula kuti wogulayo alemberedwe pomwepo, ndipo mawu anawanena okha. Anayamba ndi moni, anafunsa za umoyo wa a pa banja la wogulayo, anafotokoza za maliro ndi za mwambo, n'kupempha mwaulemu kuti dzinalo libwezedwe. Levy analemba pa foni akupukusa mutu, n'kutumiza. Asanaike foni pansi, yankho linali litafika. Linawathokoza chifukwa chosonyeza chidwi, linati dzinalo silikugulitsidwa, ndipo linawalonjeza mayina ena okoma ofanana nalo.

"Munthu wamtundu wanji amene amayankha asanawerenge?" anafunsa a Lighton.

"Si munthu, ba Malume. Ni makina."

"Ndipo makinawo ndingakawapeze kuti, kuti tikambirane ngati anthu?"

"Kulibe kopita. Tingayembekeze chabe, kapena chaka chamawa azaiwala kulipira lendi."

A Lighton anavula magalasi, kuwapukuta nthawi yaitali, n'kuwavalanso. Pa moyo wawo anali ataweruzapo milandu ya ng'ombe, ya nyumba ndi ya maukwati, ndipo nthawi zonse pankakhala khomo loti n'kugogodapo. Apa panalibe, ndipo zimenezi zinawakwiyitsa koposa njuga ija.

"Tinafuna kukupatsa dzina limeneli kwaulere," anatero. "Iwe unaona kuti ndi bwino ulitenge wekha usanapatsidwe, ukaligulitse kwa makina. Tuluka, akulu tikambirane."

Sanachedwe kumuitananso. Levy anaimirira pakhomo, chipewa chili m'manja, ndipo a Lighton ananena chigamulo.

Levy anauzidwa kufufuta adiresi ya pa lole ndi manja ake, ndi kutsegula tsamba lina m'dzina la Mayi Elina, lolembetsedwa ngati lawo. Anauzidwa kuperekeza mayiwo ku hotela iliyonse imene inkagula nsomba, akafotokoze yekha zimene anachita. Anauzidwanso kubweretsa mbuzi pa tsiku loika mwala. Tsikulo litafika, dzina la Fackson Chulu ndi jekete lake zinaperekedwa kwa Nelson, ndipo Levy anakhala kumbuyo, pa benchi ya alendo.