Manja Osungidwa

Bambo Mawotchi, amene anthu ankawatchula choncho chifukwa cha ntchito yawo, anaika kapu ya tiyi pathireyi n'kuikankha pang'onopang'ono mpaka inafika pafupi ndi dzanja lamanzere la akazi awo. Kenako anabwerera m'mbuyo, manja atawabisa kumsana.

"Mukundipatsa ngati mukudyetsa galu wolusa," anatero mayiwo. Chichitireni sitiroko, mawu awo ankatuluka mokoka, koma nthabwala zokha matendawo sanazikhudze.

"Latsala tsiku limodzi, mayi. Mawa lokha basi."

Panali patatha miyezi isanu dzanja ndi mwendo wakumanja wa mayiwo zitasiya kugwira ntchito. Madokotala anangoti pafunika kuleza mtima. Koma munthu amene moyo wake wonse wakhala akudzutsa mawotchi akufa sakhutira ndi mawu otere. Choncho kasitomala wina atawauza za Gulu la Mpweya wa Nyenyezi, bambowo anapita.

Gululo linkakumana m'mamawa padenga lafulati la nyumba yakale yosungiramo katundu. Anthu ankaima osavala nsapato, zikhatho zitaloza kumwamba, n'kumapuma limodzi mpaka dzuwa litawafika pamphumi. Mlangizi wawo, mayi wa mawu ofatsa, ankaphunzitsa kuti mphamvu imene imayendetsa nyenyezi ndi yomweyo imene imayendetsa magazi, ndipo wolumikizana nayo amatseguka maso. Vuto n'lakuti munthu ali ngati ndowa yobooka: akangokhudza khungu la mnzake, mphamvuyo imadontha. Koma wosunga manja ake masiku makumi anayi osakhudza aliyense amadzaza, ndipo wodwala amene iye angamugwire tsiku lomalizalo amadzuka.

Bambo Mawotchi anasunga lamulolo mosamala ngati mmene ankagwirira tizitsulo ta m'kati mwa wotchi. Moni ankapereka ndi mutu. Basi anasiya kukwera poopa kukhulana ndi anthu. Usiku ankagona pampando wautali pabalaza. Mwana wawo wamkazi ndiye ankabwera m'mawa uliwonse kudzasambitsa mayi ake asanapite kuntchito, ndipo potuluka ankamenyetsa chitseko kuti bambo ake amve maganizo ake.

"Abambo," anaitana mayiwo atamwa tiyi pang'ono, "pamsana pakundiyabwa."

Bambowo anapita patebulo lawo la ntchito n'kubwera ndi lula yamatabwa yoyezera zinthu. Anailowetsa mosamala kukhosi kwa diresi.

"Apa?"

"Tsikani pang'ono."

"Apa?"

"Kumanzere. Ayi, mwapitirira. Inu, kodi mukupenta khoma?"

Bambowo anaseka. Koma mapewa a akazi awo anayamba kugwedezeka, ndipo sikunali kuseka.

"Chotsani chithabwa chanucho," anatero mayiwo. "Sipakuyabwa. Ndanama."

Bambowo anaima chilili, lula ili m'manja.

"Mbali yakufayi ndaizolowera," anapitiriza mayiwo, akupukuta m'maso ndi mkono wabwino. "Ndikaigwira imakhala ngati ya munthu wina. Koma mbali inayi ili moyo, abambo. Imamva. Inu mwaiika kaye pashelefu ngati wotchi yodikira mwini wake."

"Ndikusungira inuyo, mayi. Ndikakugwirani lero, zonse zitayika. Kodi simufuna kuyendanso?"

"Ndikufuna. Nanga mawa mukandigwira, ine osadzuka?"

Bambowo anayang'ana kumbali. Mlangizi anali atanena kale kuti zikakanika, ndiye kuti penapake panadontha, ndipo munthu amangoyambiranso. Iwo anali atavomereza zimenezo mumtima osauza aliyense.

"Ndadziwa," anatero mayiwo chapansipansi. "Makumi anayi ena. Kenako ena. Ine ndizingoona manja anu akudutsa apo ngati alendo."

Bambo Mawotchi anayang'ana zikhatho zawo. M'mawa womwewo padenga paja anamva zikunyerenyesa, ndipo analira ndi chimwemwe, poganiza kuti nyenyezi zayamba kuyankha. Mwina zinalidi choncho. Mwina mawa akazi awo akanaimirira n'kuyenda mpaka pakhomo. Tsiku limodzi lokha! Akawagwira lero, sadzadziwa mpaka imfa ngati anataya machiritso ndi dzanja lawo lomwe.

Anatukula maso. Mayiwo sankawayang'ananso. Anali atatembenukira kukhoma, akuyesa kukoka shawelo imene inatsetsereka paphewa, koma inkawapulumuka. Anayesa kawiri. Kachitatu anangoisiya, osapempha.

Kusapemphako ndi kumene kunawalasa bambowo. Anaika lula pansi. Anagwada patsogolo pa mpando, mawondo akulira, n'kukweza shawelo ija. Kenako anaika chikhatho chawo chonse patsaya la akazi awo.

Anadikira kuti amve mphamvu ikutuluka ngati madzi. Anangomva tsaya lofunda, lonyowa, likutsamira m'dzanja lawo ndi kulemera kwake konse.

"Iii," anatero mayiwo, maso ali chitsinzinire. "Manja ozizira chonchi ndi amene mwakhala mukundisungira?"

"Nyenyezi zili kutali, mayi. Kumeneko kumazizira."

"Bodza. Mwangokalamba."

Anaseka onse awiri, kuseka kosakanikirana ndi misozi. Kenako bambowo anatenga dzanja lakumanja lija limene linali pamiyendo. Anadzidzimuka. Zala zinali zitapindikira m'kati zolimba, pakuti ntchito yoziwongola tsiku ndi tsiku, imene a kuchipatala anawapatsa, inali yawo, ndipo palibe anaitola iwo ataisiya.

"Pepani," ananong'ona.

"Musandipepese ine. Pepesani zalazo."

Anayamba ndi chala chachikulu, n'kuchiwongola mofatsa. Kenako chotsatira, kenako chinacho, mpaka chaching'ono. Atangomasula, zonse zinapindikanso pang'onopang'ono n'kutsekera chala chawo m'kati. Bambo Mawotchi anachisiya momwemo kanthawi, kenako anayambiranso.