Kathumba pa Tsinde la Bowa

Ku Ain Draham kuno, ukafunsa za bowa aliyense amakulozera kwa Chedlia. Zaka makumi atatu akulowa m'nkhalango mvula ikangogwa, sanabwereko ndi bowa wodwalitsa ngakhale mphaka. Chimene anthu sankadziwa n'chakuti maso ake anali atachita ng'ala. Ankaona ngati munthu woyenda m'nkhungu, koma sanauze aliyense, ngakhale mwamuna wake Hedi. Kunyada n'koipa, ine ndikuuzeni.

Tsiku limenelo kunkabwera alendo a ku Tunis, mnyamata wina dzina lake Lotfi ndi makolo ake, kudzafunsira mbeta mwana wa Chedlia, Sawsen. Hedi anagula nyama ya ng'ombe, yopanda ndi fupa lomwe. Chedlia analawirira kunkhalango, nazula bowa wodzaza dengu, akudalira zala ndi mphuno.

Kwathu kuno tsiku lotere mphika amautsiriza ndi mtsikana, kuti apongozi adziwe dzanja lake. Choncho Chedlia anangodula matsinde, n'kuduladula bowayo, zotsalazo n'kumusiyira Sawsen. Mtsikanayo anakazinga anyezi m'mafuta a azitona mpaka kufiirira, anathira adyo, kenako bowa. Anadikira kuti madzi a bowa aphwe asanathire tomato, tsabola wosinja ndi msuzi wa nyama ija. Fungo lake linafika mpaka pabalaza pomwe alendo ankamwa tiyi. Atamaliza anathira zonse pamwamba pa nyama m'mbale yaikulu, n'kupita kukasintha zovala.

Chedlia anatsala akuwola matsinde aja kuti akataye. Apo m'pamene chala chake chinakhudza kanthu kofewa. Tsinde limodzi linali ndi kathumba kumunsi kwake, konga kachikopa ka m'kati mwa dzira. Analinunkhiza: kafungo kotsekemera, ngati uchi wowonongeka.

Bowa ameneyu ankamudziwa bwino. Ndi yemwe anapha mchimwene wake Ammar iye akadali mtsikana. Tsiku loyamba Ammar ankawaza nkhuni akuseka, lachisanu anamuika m'manda. Ndipo tsinde likakhala m'manja mwako, mutu wake uli m'mbale.

"Alamu, mwaona mzukwa kodi?" anafunsa Mongia, mchemwali wake wa Hedi, yemwe anabwera kudzathandiza, ngakhale thandizo lake lalikulu linali pakamwa.

Chedlia anamupatsa tsindelo. "Muli poizoni m'mbalemo. Titaye."

"Titaye chani? Nyama yonseyi? Ndiye anthu a ku Tunis tiwapatsa mazira okazinga? Inu musatichititse manyazi." Mongia anavula chibangili chake chasiliva, n'kuchimiza mumsuzi. Anawerenga mpaka khumi, n'kuchivuula. "Onani, chili mbee! Mukanakhala poizoni chikanada bii. Agogo athu onse ankayesa chonchi."

"Siliva sadziwa kanthu, alamu. Tsiku la Ammar amayi anaponya ndolo yasiliva mumphika, inatuluka ikuwala ngati yatsopano."

"Aaa, inunso! Kabowa kamodzi m'chimbale chonsechi? Tikagawana anthu asanu ndi awiri kamupeza ndani? Mantha anuwa mudzakalamba nawo, mwana n'kukalamba nanu pakhomo pano." Ananyamula mbale ija, ulendo wa pabalaza.

Chedlia anaima pakati pa khitchini. Mantha anali awiri. Akalankhula, afunsidwa kuti katswiri ngati iye walakwitsa bwanji, ndipo mawa tauni yonse idziwa kuti saona. Akakhala chete, anthu adya, ayamikira, akwera galimoto yawo, ndipo bowayo akayamba ntchito yake iwo ali kutali. Anaganizako zokhala chete, tisabise. Mwina tsindelo linangogwera m'dengu lopanda mutu. Mwina. Kenako anamva mawu a bambo ake a Lotfi, a Bechir, akudalitsa chakudya kuti, "Bisimilahi."

Chedlia anathamanga akupapasa khoma. Pabalaza anangoona zithunzithunzi za anthu atazungulira tebulo, ndi chinthu chakuda chofuka nthunzi pakati. Anachigwira ndi manja awiri, osasamala kutentha, n'kuchiponya panja kudzera pakhomo. Mbale inasweka, nyama n'kumwazika m'matope.



"Mkazi iwe, wapenga?" anakuwa Hedi. "Pamaso pa alendo!"

"Alipo waika kanthu m'kamwa?" anafunsa Chedlia. "Ndiyankheni, chonde. Alipo?"

Panalibe. A Bechir anali ndi buledi wonyowa msuzi m'manja, atatsala pang'ono kufika naye pamlomo. Anamuika patebulo pang'onopang'ono.

"Munali bowa wakupha," anatero Chedlia. "Ndazula ndine. Maso angawa saona bwino, Hedi. Chaka chino n'chachiwiri. Ndimangoyerekeza."

Mongia anayamba kupukuta chibangili chake pamalaya mobwerezabwereza. Chedlia anamva manyazi akumutentha kuposa zikhatho zake, komabe mtima unayamba kutsika. Ukwati ukatha uthe, bola palibe maliro.

Kenako anamva mapazi kumbuyo kwake, ndi kafungo ka mafuta onunkhira amene anamugulira mwana wake dzulo lake. Mtima uja unaimanso.

"Sawsen," anatero osatembenuka. "Mwanawe, unalawa?"

"Masupuni atatu okha, amayi. Mchere unkachepa." Mtsikanayo anayesa kuseka. "Si inu munandiphunzitsa kuti wophika osalawa amatukwanitsa amake?"

Inde, anali iye. Anamuphunzitsa akadali kamwana, atamukweza pampando kuti afikire mphika.

Lotfi ndiye anayamba kudzidzimuka. Anatenga makiyi a galimoto osapempha chilolezo kwa bambo ake. "Chipatala chachikulu chili kuti?"

"Ku Jendouba," anayankha Hedi. "Msewu wake ndi wokhotakhota."

"Tiyeni."

Chedlia anakulunga tsinde lija m'kampango kuti akaonetse adokotala, n'kukhala kumbuyo ndi mwana wake. Galimoto inatsetsereka phiri, nkhungu ikuphimba mitengo. Iye anayesetsa kuyang'ana nkhope ya Sawsen kuti aone ngati yasintha, koma ankangoona chimtambo. Anayamba kumupapasa ndi zala zake zakupsa zija, pachipumi, m'masaya, pakhosi.

"Amayi, mukundichititsa manyazi pamaso pa munthu," ananong'ona Sawsen, akuchotsa dzanjalo mwaulemu. "Sindikumva chilichonse ine. Ndili bwinobwino."

Ammar nayenso ankatero tsiku loyamba lija, nkhwangwa ili paphewa. Chedlia anangoweramira kutsogolo n'kugwira Lotfi paphewa.

"Mwana wanga," anatero, "thamangitsa."