Tsiku Limene Pauline Anakana Kupatuka

Boti linali lalitali kuposa lole. Mphuno yake inatsamira pamwamba pa mutu wa galimoto, ndipo kumbuyo linatulukira mikono itatu. Pauline anamangirirako kansalu kofiira kuti obwera m'mbuyo aone, kenako anazungulira lole kawiri akukoka zingwe zonse kuti amve ngati zalimba.

Mwini boti anali a Godwin, msodzi wa ku Senga Bay. Mmisiri wa ku Chitala anali atalikhoma kwa miyezi inayi pafupi ndi pomwe amacheka matabwa, ndipo tsikulo ndi limene limakalowa m'madzi koyamba.

"Achemwali, chonde musathamange," anatero a Godwin akusisita thabwa la m'mbali. "Likagwa ili, nanenso ndagwa."

"Musandiphunzitse ntchito, achimwene. Kwerani tizipita."

Pauline anali ndi zaka makumi anayi ndi zitatu. Zaka zisanu ndi zinayi anazithera pa mathiraki akuluakulu opita ku Beira ndi ku Joni, mpaka pomwe mayi ake anafa ziwalo mbali imodzi, iye n'kubwerera ku Salima kudzawasamalira. Ntchito anaipeza kwa a Idi, omwe anali ndi malole atatu onyamula simenti, mpunga ndi chilichonse chimene munthu wafuna kusamutsa.

Atalowa mumsewu wa tala, a Godwin anamasuka n'kuyamba mafunso. Ankafuna kudziwa ngati n'zoona kuti ku Joni galimoto zisanu zimayenda mogundizana mapewa.

"Kumeneko msewu umagawidwa patatu kupita, patatu kubwera," anatero Pauline. "Wolemedwa ngati ine amakhala kumanzere kwenikweni, wothamanga amadutsa kumanja, palibe woimbira mnzake hutala. Kuno tili ndi mbali imodzi yopita, imodzi yobwera. Basi."

"Nanga m'mphepetemu?"

"Umo ndi mwa eni ake. Simukuwaona?"

Linali tsiku la msika, ndipo m'mphepete mwa msewu munali modzaza. Akabaza ankapalasa atanyamula anthu awiriawiri, ena matumba a makala otalika kuposa mitu yawo. Amayi anali pamzere ndi madengu a tomato ndi chinangwa, ana kumsana. Bambo wina ankakoka mbuzi yomwe inkakana kuyenda. Pauline anatsitsa liwiro kufika pa fote. Pakati pa msewu mzere woyera unasiya kudukizaduka, unangoti tanthaa, chifukwa kutsogolo kunali pokhota, kenako mlatho wopapatiza, kenako msika weniweniwo.

Apo ndi pomwe hutala inalira kumbuyo.

Pagalasi anaona galimoto yaikulu yoyera, ya magalasi akuda, itayandikira mpaka kansalu kofiira kaja kankaoneka ngati kakupukuta galasi lake. Inathwanimitsa nyali. Inaimbanso hutala, kawiri, katatu, kenako mosalekeza.

Pauline anayatsa indiketa ya kumanja, chizindikiro cha madalaivala a malole chouza wam'mbuyo kuti asayerekeze kudutsa. Galimoto yoyera inasuzumirabe, n'kutulutsa mphuno kudumpha mzere. Pokhota paja panatulukira minibasi yodzaza, ndipo yoyera ija inabwerera msangamsanga kumbuyo kwa boti.

A Godwin anatulutsa mutu pawindo, n'kuubweza nkhope itasintha.

"Achemwali, ndi a Kambalame awo. Omwe akumanga loji kunyanja aja. Tangopatukani pang'ono adutse."

"Ndipatukire pa ndani? Sankhani inuyo. Mayi wa dengu uyo, kapena wa kabaza uyo?"

"Mukaimba hutala athawa okha."

"Athawire kuti? Simukuona ngalande? Komanso m'mphepetemu tala anadyeka. Ndikatsitsa tayala limodzi, lole ipendekeka, ndipo boti lanu likhala loyamba kupsompsona pansi."

A Godwin anacheuka kuyang'ana boti lawo.

Foni ya Pauline inalira pamwamba pa dashibodi. Anaiyang'ana ndi diso limodzi. Anali a Idi. Nambala yawo inalembedwa ndi penti pachitseko cha lole, koma a Kambalame sankafunika kuiwerenga, chifukwa simenti yonse ya loji yawo inkanyamulidwa ndi malole omwewa.

"Yankhani, muike palaudi," anauza a Godwin. "Manja anga ali pantchito."

"Mayi Pauline!" mawu a a Idi anatuluka mokweza. "Mukutani pamsewupo? A Kambalame akuti mwawatsekera njira. Ali ndi msonkhano ku Lilongwe."

"Sindinawatsekere, bwana. Mzere ndi wosadukiza, kutsogolo kuli mlatho. Tikadutsa msika ndiwapatsa mpata."

"Patukani pompano. Wallahi, munthu ameneyo ndi amene amatidyetsa tonsefe."

"M'mphepete muli anthu."

"Ndati patukani! Lole imeneyo ndi yanga."

"Lole ndi yanu, bwana, koma laisensi ndi yanga. Ndikaponda munthu pano, amene akagone kupolisi ndine. Sindipatuka."

Foni inadulidwa. A Godwin anaigwira ngati yotentha, n'kuibwezera pamalo pake.

Anawoloka mlatho pa twente. Pamsika anthu ankadutsa msewu paliponse, ogulitsa nzimbe atayala katundu wawo mpaka m'mphepete mwa tala. Hutala ya kumbuyo sinaleke, ndipo anthu ankatembenuka kuona boti, kenako galimoto yoyera, kenako mayi yemwe anali pachiwongolero atangoti nkhope gwaa. Thukuta linkatsika m'khosi mwake. Ankadziwa chimene mawu ake aja kwa a Idi atanthauze madzulo. Komabe phazi lake silinasunthe.

Atapitirira msika, msewu unawongoka ndipo mzere unayambanso kudukizaduka. Kutsogolo kunali mbee. Pauline anayatsa indiketa ya kumanzere n'kutulutsa dzanja kuwakodola kuti adutse.

Galimoto yoyera inadutsa ngati mphepo. Koma itangolowa kutsogolo kwa lole inamanga mabuleki n'kuima chopingasa pakati pa msewu. Pauline anaponda buleki ndi mphamvu zake zonse. Lole inalira, zingwe zinati phwii, boti linasendera kutsogolo n'kugunda denga la mutu wa galimoto. A Godwin anakuwa dzina la Yesu. Lole inaima patatsala mkono umodzi.

Pauline anakoka handibuleki, anayatsa mahazadi, n'kutsika. Sanapite kwa a Kambalame. Anayamba wazungulira lole kuona zingwe. Chimodzi chinali chitadukako nkhosi ziwiri, koma boti linali bwinobwino.

A Kambalame anamupeza ali komweko. Anali bambo wamfupi, wa suti yotuwa, foni ziwiri m'dzanja limodzi. Dalaivala wawo, mkulu wa ndevu zaimvi dzina lake a Muhammad, anatsalira pafupi ndi chitseko akuyang'ana pansi.

"Iwe, ukundidziwa ine?"

"Ndikukudziwani, bwana. Simenti yanu ndimatula ndine. Mwadzuka bwanji?"

"Usandipatse moni. Mphindi khumi ndi zisanu ndikukuimbira hutala. Ndiwe gonthi?"

"Ndimamva bwinobwino. Hutala sichotsa mzere pamsewu."

"Bweretsa laisensi yako."

"Laisensi ndimaonetsa apolisi."

"Ndiye bweretsa makiyi. Lole iyi ichoka pano ndi dalaivala wina, wamwamuna, wodziwa ulemu."

Pauline anatulutsa makiyi m'thumba la ovolosi, anawaonetsa, n'kuwabwezeranso momwemo.

"Awa anandipatsa ndi a Idi, ndikabweza kwa a Idi. Koma poti mwafunsa za ulemu, ndikuuzeni. Mukanadutsa pokhota paja, minibasi ija mukanakumana nayo maso ndi maso. Ndakusungirani moyo, ndipo sindikupempha zikomo. Chimene mwachita apa, kuima chopingasa kutsogolo kwa lole yolemedwa, mwana wa sukulu yoyendetsa galimoto sangachite."

"A Muhammad!" anakuwa a Kambalame. "Mukumva mmene akundiyankhulira?"

A Muhammad anakweza mutu pang'ono. "Ndinanena, bwana, kuti tidikire."

Apa n'kuti anthu atayamba kusonkhana. Akabaza anaimika njinga zawo, amayi anatula madengu. Kumbuyo kwa lole kunali mzere wa galimoto, ndipo kutsogolo nako minibasi ziwiri zinkalephera kudutsa chifukwa matako a galimoto yoyera anali atalowa mbali yawo. Mahutala anayamba kulira, koma tsopano ankalirira a Kambalame.

"Chotsani chigalimoto chanucho, bwana!" anakuwa dalaivala wa minibasi. "Msewu si khonde lanu!"

Mayi wina wachikulire, wa dengu la chinangwa, anafika pafupi n'kuloza a Kambalame ndi chala. "Inu mumafuna atiponde ife kuti inu mufulumire? Msonkhano wanuwo ndi wa angelo?"

Anthu anaseka. A Kambalame anayang'ana uku ndi uku.

"Lero ndi tsiku lako lomaliza pa lole imeneyi," anatero motsitsa mawu.

"Mwina. Koma munati mwachedwa, bwana. Nthawi ija mukuitaya pano."

A Kambalame anabwerera m'galimoto mwawo n'kumenyetsa chitseko. A Muhammad anaiwongola mofatsa, ndipo asananyamuke anakwezera Pauline dzanja pang'ono pawindo.

Pauline anamanga chingwe china, a Godwin akumuthandiza. Anadutsa pa boma, n'kutenga msewu wa kunyanja. Dzuwa lili paliwombo anafika pagombe, pomwe amuna oposa makumi awiri ankadikira ndi mitengo yotsetserekera. Analitsitsa akuimba, ndipo litangokhudza madzi akazi a a Godwin anaimba nthungululu. A Godwin anafotokoza nkhani ya pamsewu katatu, ndipo ulendo wachitatu galimoto yoyera inali itasanduka ziwiri. Anapatsa Pauline chambo zinayi zomanga pa kamtengo. Iye anazikoleka pagalasi la lole n'kubwerera.

Pauline anawapeza a Idi atakhala pa benchi pabwalo la malole, kofia ili pabondo. Sanakalipe. Anamuuza kuti akhale.

"Mayi Pauline, zaka zitatu simunandiphwanyirepo ngakhale nyali. Ndikudziwa. Koma a Kambalame aimba kanayi. Akuti mwawachititsa manyazi pagulu."

"Anadzichititsa okha."

"Mwina ndi choncho. Koma mawa m'mawa tipitire limodzi, mukangoti pepani. Liwu limodzi. Inshallah zithera pomwepo."

"Ndikapepese chiyani?"

"Chilichonse. Munthu wamkulu safunsidwa zimenezo."

"Ndikakapepesa mawa, mkuja akadzaimba hutala ndidzayenera kupatuka. Ndipo a Yusufu ndi madalaivala anzawo a malole enawa adzadziwa kuti galimoto yoyera ikalira, anthu a m'mphepete alibe ntchito. Ine ayi, bwana. Mukanene kuti ndakana. Musanene kuti ndadwala kapena ndapita kumudzi. Mukanene kuti ndakana."

A Idi anapukuta nkhope ndi chikhatho. "Mukundiika pamoto."

"Pamoto mwadziika nokha pomwe munandiuza kuti ndipatukire pa anthu. Mukanakhala inu pachiwongolero, mukanapatuka?"

A Idi anayang'ana lole, anayang'ana mageti, kenako anati, "Ndiye mupume kaye. Mpaka zinthu zizizire."

Pauline anadziwa tanthauzo lake. Anaika makiyi pa benchi, anawauza kuti buleki ya kumbuyo kumanzere ikufunika kuonedwa lole isananyamulenso katundu, anamasula nsomba zake pagalasi n'kutuluka. Pamsewu anaimitsa kabaza.

Kunyumba anapeza mayi ake atakhala pampando pakhonde, pomwe mng'ono wake wa Pauline, Kulusumu, yemwe anakwatiwa kwa Asilamu a ku Maganga, anawasiya atawasambitsa. Pauline anawafotokozera zonse akupala nsomba. Mayiwo ankayankhula movutikira, ndi mbali imodzi ya kamwa, ndipo anafunsa funso limodzi lokha.

"Unaponda munthu?"

"Ayi, amayi."

"Ndiye thira mchere wokwanira."

Zinthu sizinazizire. A Idi analemba dalaivala wina sabata yomweyo, ndipo Pauline anakhala pakhomo miyezi iwiri. Ena pa depoti ankati ndi wamwano, ena ankamuitana kuti adzafotokoze yekha mmene zinakhalira, iye n'kumakana. Nthawi yokolola mpunga itafika, gulu la alimi a ku Maganga linkafuna munthu woyendetsa lole yawo yakale, yomwe giya yake yachitatu ankachita kuigwirira ndi dzanja kuti isatuluke. Atamufunsa chifukwa chimene anachokera kwa a Idi, anawauza zonse osachotsera, n'kuwonjeza kuti zikadzachitikanso adzachita chimodzimodzi, kaya kumbuyo kuli ndani. Wapampando wa gululo anayang'ana anzake, anakanda m'mutu, n'kumufunsa ngati angayambe Lolemba.