Musandibise Nkhope

Dailes Nyoni anali atajambula mafilimu a nkhani zoona kwa zaka khumi ndi ziwiri. Anajambula agogo othamangitsidwa m'midzi ya ku Kandeu powanamizira ufiti, ndi okalamba oswera pamzere kuchipatala osaonedwa. Anthu ankaonera, n'kupukusa mitu, basi.

Kenaka anamva za nyumba yosungirako okalamba kufupi ndi Manjawira, ya kabungwe kena. Kukamabwera alendo, agogo ankasambitsidwa n'kuvekedwa zoyera. Alendo akangochoka, zitseko zinkakhomedwa ndi maloko kunja.

Dailes anapitako Lachiwiri masana, woyang'anira malowo atachoka. Mayi wophika anamutsegulira chipinda chimodzi. Munkanunkha mkodzo. Pamphasa panali bambo woonda, chilonda cha pamwendo atachimanga ndi jumbo.

"Ndine Maynard Kachingwe," anatero bamboyo. "Ndinaphunzitsa sitandade 3 ku Nsipe zaka makumi atatu."

"Agogo, mufilimumu ndikubisani nkhope kuti asakuvutitseni."

"Iyayi, mwanawe. Ukabisa nkhope adzati ndi bodza. Jambula. Mwendowunso ujambule."

Analankhula osapumira: za mankhwala a BP amene anatha kalekale, za mabulangete amene ankawafunda tsiku la alendo lokha, za mnzawo a Chrispine amene anamwalira akupempha madzi, chitseko chili chokhoma.

Woyang'anira uja atamva, anaimbira foni Dailes kumuopseza ndi khoti. Wailesi ya kanema ina inakana filimuyo. Dailes sanabwerere m'mbuyo. Anapempha holo ya tchalitchi ku Nsipe kuti aonetseremo filimuyo tsiku la msika, mawindo n'kutchinga ndi zitenje, ndipo anaitananso mkulu woona za chisamaliro cha anthu kuchokera kuboma.

Munadzaza ogulitsa kachewere ndi tomato, akabaza, amayi ndi madengu awo. Nkhope ya a Kachingwe itangooneka pakhoma, mayi Hanifa, mwini golosale ya pamsewu, anadzambatuka.

"Aphunzitsi anga awa! Anandiphunzitsa kulemba dzina langa! Ife tinkati ali kwa ana awo ku Lilongwe!"

"Inenso anandiphunzitsa!" anakuwa bambo wina kumbuyo. Wina nayenso, winanso.

Filimu isanathe n'komwe, lole ya kachewere inali itaima pakhomo, anthu akukwera, ulendo wa kunyumba ya okalamba ija. Mkulu wa kuboma uja anakhala kutsogolo, pambali pa dalaivala. Dailes anakwera kumbuyo, kamera ili paphewa, misozi ikumutsekereza kuona.

Maloko anazulidwa tsiku lomwelo, dzuwa lisanapendeke. Woyang'anira anachotsedwa, ndipo mlandu wake unapita kukhoti. Anthu anasankha komiti yatsopano yoyendetsa nyumbayo, wapampando wake a Kachingwe, ndipo namwino anayamba kubwera Lachisanu lililonse.

Dailes atabwererako patatha miyezi iwiri, anapeza agogo asanu ali pakhonde akusenda mtedza, akukangana ngati wailesi itsegulidwe pa mpira kapena pa nyimbo za kwaya. Anakhala pansi pakati pawo n'kutapako mtedza wakewake.