Chipini cha Amake Tuni

Mlendoyo anafika Lachisanu m'mawa, mvula ya Ogasiti ikukhuthukira pa madenga a mumzinda wa Narayanganj. Sanapereke moni. Anawerama pa mtanda wa pakhomo, umene alendo onse amagundapo mutu, nakhala pa benchi pakati pa zitini za penti. Anali wowonda, wandevu zosapesa, ndipo ankaphimba maso ndi dzanja ngati kuti kuwala kwa tsiku la mitambo kukumuwotcha.

Shiuli anali kujambula pikoko pa lata lokhomera kumbuyo kwa rikisho, njinga ya matayala atatu yonyamula anthu. Ntchitoyi inali ya mwamuna wake Tofazzal, koma iye anaitola zaka zisanu ndi zitatu zapitazo kuti mwana wawo Tuni asagone ndi njala. Anafunsa mlendoyo ngati anali ndi rikisho yofuna kukongoletsa. Munthuyo anati ayi, dzina lake ndi Kashem, ndipo akungousa mvula. Maso ake anakwera makwerero opita kudenga kumene ankasungirako malata, kenako anatsika msanga.

Asanafunsenso china, analowa Mokbul, mkulu wake wa Tofazzal, atakhwapatira nsalu ziwiri. Panali patapita masiku khumi ndi limodzi chithawire mtsogoleri wa dziko amene anakhala pampando zaka khumi ndi zisanu. Zaka zonsezo Mokbul anali wapampando wa chipani cholamula m'dera lawo, ndipo chithunzi cha mtsogoleriyo chinkapachikika pakhoma pake ndi nkhata ya maluwa. Tsopano pakhomapo panangotsala msomali.

"Amake Tuni, sari yoyera, nsalu ya akazi amasiye, ndi iyi," anatero Mokbul. "Ikatha swala ya masana, ashehe apempherera maliro a Tofazzal, ngakhale mtembo palibe. Inu muvula chipinicho pamaso pa azimayi. Nkhani ithere pomwepo."

Chipini chagolidecho anamuveka pamphuno ndi apongozi ake tsiku la ukwati. Mkazi amachivula tsiku limodzi lokha, tsiku limene wavomereza kuti ndi wamasiye.

"Mtembowo munauona kuti, alamu?"

Mokbul anafunyulula nsalu yachiwiri ija. Chinali chikwangwani chachikulu: pamwamba nkhope ya Tofazzal, pakati mawu akuti NGWAZI YOFERA DZIKO, m'munsi nkhope ya Mokbul mwiniwake ikumwetulira.

Tsiku limene Tofazzal anatengedwa linabweranso lonse m'maganizo mwa Shiuli. Anali kuseri akupala nsomba pamene galimoto yoyera yopanda nambala inaima pakhomo. Amuna ovala wamba anakuwa dzina limene iye anali asanalimvepo, Ferdous Sikdar. Kenako anamva mwamuna wake akuyankha mofatsa kuti, "Ndine." Pamene ankafika m'shopu, anangopeza bulashi ili pansi, penti isanaume. Kuyambira pamenepo dzina lachilendolo ankalitafuna ngati mwala wa mumpunga, dzina la munthu wamantha amene sanabwere ngakhale kudzapepesa.

Ndipo Mokbul anachitanji? Anauza msewu wonse kuti mng'ono wake wawoloka malire ndi mtsikana wa ku fakitale ya zovala. Shiuli atafuna kupita ku Dhaka, likulu la dziko, kukaima pamodzi ndi amayi ena onyamula zithunzi za abale awo osowa, Mokbul anang'amba chithunzi cha Tofazzal, nati banja lake silichititsa manyazi boma.

"Dzulo m'bale wanu anali wachimasomaso, lero ndi ngwazi," anatero Shiuli. "Ndiye dzikolo analifera ali pamiyendo pa mtsikana wa ku fakitale uja? Ngakhale bilimankhwe amayamba wakhala kaye pa tsamba asanasinthe mtundu."

"Lilime lanulo lidzakuphetsani."

"Linakhala m'kamwa zaka zisanu ndi zitatu chifukwa cha inu. Lachita dzimbiri, lisiyeni liyende."

Mokbul anayang'ana kumsewu, natsitsa mawu. Anati nyumba zitatu za anzake a chipani zapsa kale sabata imeneyo, ndipo anyamata a m'dera akutchula dzina lake m'malo omwera tiyi. Nyumba ya m'bale wa ngwazi palibe angaiyatse. Anakumbutsanso Shiuli kuti nyumba yake ndi shopuyo zagawana khoma limodzi, ndipo kuseri kwa khomalo ndi kumene kuli bedi la Tuni.

"Moto sufunsa kuti mbali iyi ndi ya yani, amake Tuni."

Apa mpomwe panamupweteka Shiuli. Munthuyo anali wabodza, koma izi zokha ankanena zoona. Mvula inkalira pamalata. Shiuli anali atatopa ndi kudzidzimuka ndi galimoto iliyonse yoyera, atatopa ndi kusunga mbale ya munthu wosabwera. Dzanja lake linakwera lokha mpaka pamphuno, zala zikufunafuna kachitsulo ka mkati.

"Duwa lija simunaikepo," anatero mlendo uja.

Onse awiri anacheuka. Munthuyo ankaloza pansi pa phazi lamanzere la pikoko.

Pa lata lililonse limene Tofazzal ankajambula, ankabisa kaduwa koyera ka tsinde lofiirira pansi pa phazi lamanzere la mbalameyo, duwa limene Shiuli anatengako dzina. Eni marikisho sankakaona. Chinali chinsinsi cha anthu awiri, ndipo chichokere mwamunayo Shiuli sanakajambulepo.

Mokbul anayamba kulalata kuti masiku ano opemphapempha achuluka, akuyenda khomo ndi khomo kugulitsa maloto kwa akazi opusa. Mlendoyo sanamuyang'ane n'komwe. Anafotokoza pang'onopang'ono, ngati munthu amene waiwala kayankhulidwe. Anakhala zaka zisanu m'kachipinda kopanda zenera, kumene makina opemerera mphepo ankalira usana ndi usiku kuti akaidi asamvane. Kuseri kwa khoma kunali mkaidi wina, Tofazzal, ndipo ankayankhulana kudzera pa kabowo kotulukira madzi. Tsiku lina alonda anamusamutsira m'chipinda cha mnzakeyo kwa maola ochepa. Khoma lonse linali maluwa okandidwa ndi minga ya nsomba, duwa limodzi pa Lachisanu lililonse.

Masiku khumi apitawo, alonda atasokonezeka ndi kuthawa kwa mtsogoleri uja, anamanga akaidiwo nsalu m'maso n'kuwalonga m'galimoto. Ankawataya mmodzimmodzi. Iyeyo anamutaya m'munda wa mpunga pafupi ndi Tangail, ndipo galimotoyo inapitirira chakumpoto, Tofazzal ali momwemo.

"Sindikunena kuti lero ali moyo, alamu. Ndikunena kuti tsiku limenelo ankapuma. Bondo lake linali litatsamira langa, ndipo anandiuza kuti ndikafika kuno ndisakupezeni mutavala zoyera."

Shiuli anatsitsa dzanja lake kuchoka pamphuno. Anatola sari yoyera ija, napukutira bulashi ya penti yofiira pakati penipeni, kawiri konse. Kenako anatenga lumo lodulira malata, nadula chikwangwani chija mopingasa. Nkhope ya Mokbul inagwera m'matope a pakhomo. Mawu akuti ngwazi yofera dziko anawapaka penti yoyera, ndipo pamwamba pake analemba kuti MWAMUONAPO MUNTHU UYU?

"Nanga nyumba?" anafunsa Mokbul.

"Tuni apita kwa amayi anga masana ano. Inu pitani ku mzikiti. Anthu mwawaitana kale, asabwerere chabe. Mukaime patsogolo pawo mukanene kuti nkhani ya mtsikana wa ku fakitale munaipeka nokha. Ukaipa dziwa nyimbo, alamu. Nyimbo yanu ndi imeneyo, ya maliro sindikubwerekani."

Mokbul anatukwana chapansipansi, natola nkhope yake m'matope, n'kutuluka wopanda ambulera.

M'shopu munatsala anthu awiri. Shiuli anathira tiyi m'kapu, naika patsogolo pa mlendoyo, koma sanachotse dzanja pa kapuyo. Anamufunsa chifukwa chake Tofazzal sanamutulutse atazindikira kuti si munthu amene ankamufuna. Mlendoyo anati anazindikiradi patapita zaka zitatu, atagwira mwini dzina weniweni, koma munthu amene waona za mkatimo satulutsidwa.

"Pakhoma la m'ndende panali pikoko?" anafunsa Shiuli.

"Ayi. Maluwa okha."

"Ndiye za phazi lamanzere mwazidziwa bwanji? Ndipo mtanda wa pakhomo panga anakuuzani ndani kuti muwerame?"

Munthuyo anayang'ananso makwerero aja, ndipo ulendo uno maso ake sanathawe. Anati zaka zisanu ndi zitatu zapitazo anali wophunzira wa ku koleji amene ankalemba timapepala totsutsa boma. Akumuthamangitsa, analowa m'shopu yoyamba imene anaipeza yotsegula. Tofazzal sanamufunse zambiri. Anamukweza kudenga pakati pa malata, ndipo kwa masiku awiri ankamupatsira theka la mpunga wake wa masana, osauza ngakhale mkazi wake. Ali kumwambako ankasuzumira pa mpata wa matabwa, kuonerera dzanja la mmisiriyo likubisa kaduwa. Pa mpata womwewo ndi pamene anaonera amuna aja akulowa. Amunawo analibe chithunzi, anali ndi dzina lokha. Iye anamva zonse, nadziluma dzanja kuti asatsokomole.

Shiuli anakumbukira mmene ankanyadira masiku awiri amenewo kuti mwamuna wake akumaliza mpunga wonse. Anafuna kumukhuthulira tiyi wotenthayo kumaso. Ku mzikiti mawu oitanira swala anayamba kumveka, akudutsa m'mvula.

Shiuli anakankhira kapuyo kwa mlendoyo.

"Imwani, mukhale ndi mphamvu. Basi ya kumpoto, ya ku Mymensingh, inyamuka ikatha swala. Chikwangwanichi munyamula ndinu, chipatala ndi chipatala, mudzi ndi mudzi, mpaka timupeze. Musaganize kuti ndakukhululukirani. Koma sindiyenda ndi munthu wa dzina lobwereka. Linenedwe m'nyumba muno, ndi pakamwa pa mwini wake, monga linayenera kunenedwa tsiku lija."

Mlendoyo anaimirira, nachotsa dzanja kumaso kwake.

"Ndine Ferdous Sikdar, alamu."