Katswiri Wakugwa wa pa Dwangwa

Pa Dwangwa panalibe wosamudziwa Habibu. Mkati mwa sabata ankadula nzimbe, koma Loweruka ankasewera m'mafilimu a Percy, a ndewu zija zosakaniza nkhonya, mateche ndi kugwetsana. Ntchito yake inali imodzi basi, kugonja. Koma kugwa kwake, abale! Mnzake akangotukula mwendo, iye phii ngati thumba la chimanga, anthu m'vidiyo shoo n'kumakuwa kuti abwezerenso.

Vuto linabwera atakonda Shamsa. Mtsikanayo analola, koma mawu omaliza anali kwa amjomba ake, mlongo wa mayi ake, a Amiri a ku Kanyenda, munthu wosaseka wamba.

"Mafilimu akowo aonera onse," Shamsa anamuuza. "Akuti akufuna akuone ndi maso."

Habibu mtima unamuwawa. Ndani angapereke mwana kwa mwamuna womenyedwa ndi aliyense? Anathamangira kwa Percy.

"Achimwene, kamodzi kokha ndipambaneko. Apo ayi ukwati wandipita."

Percy anaseka mpaka misozi, koma anavomera. Anagwirizana kuti Ramsey, ngwazi ya mafilimuwo, aponye theche, Habibu azinde, kenako amugwetse ndi chibakera.

Loweruka Percy ndi anzake anazinga bwalo lojambulira ndi maukonde akale pamchenga wa kunyanja. A Amiri anafika atavala mkanjo woyera, nakhala pa bwato lovundikira. Habibu analowa akudziguguda pachifuwa. Percy anakuwa kuti ayambe, Ramsey anatukula mwendo.

Chizolowezi n'choipa. Mwendo usanafike n'komwe, Habibu anali kale chagada, maso atatembenuza, lilime panja. Ramsey, amene ankayembekeza chibakera, anangoima kukamwa yasa. Anthu anagwa nako kuseka.

Habibu anadzuka manyazi atamugwira, mchenga uli m'makutu momwe, nakagwada pamaso pa akuluwo.

"Amjomba, pepani. Ndimafuna muone kuti nanenso ndimatha kumenya."

"Ndiye umatha?"

Anayang'ana pansi. "Ayi. Chibadwire sindinamenyepo munthu."

A Amiri anayang'ana Shamsa amene anaima chapatali.

"Mlongo wanga, mayi ake a uyu, ndinamupereka kwa mwamuna wodziwa nkhonya," anatero motsitsa mawu. "Anabwerera kwathu mano akutsogolo mulibe."

Anaimirira, nasansa mkanjo wawo.

"Uwauze ankhoswe ako abwere Lachisanu tikatuluka ku mzikiti. Ndipo filimuyi musaikonze, izikhala momwemo."